Mpini wa Tsache

Madzi atabwerera kwawo
anatisiyira matope ofika m'mawondo,
chitseko cha eni ake chitakodwa mumsawu,
ndi mpini wa tsache wopanda tsache.
Ukonde wanga unapita.
Bwato akuti analiona ku Marka
litagadama ngati munthu wokhuta.

Mpiniwo ndinaupala ndi phale la botolo
mpaka unayamba kuterera ngati mlamba.
Sindinkadziwa kuti ndikuupalira chiyani.
Manja akasowa chochita amayabwa.

Zabeta anapeza uphunzitsi ku Bembeke.
Pafoni akuti: Baba, kuno madzi a m'ndowa amaluma zala,
ndikugona ndi masokosi.
Mwana wobadwira pa Bangula,
wokulira pamphasa ya pabwalo
chifukwa m'nyumba simugoneka!

Mai Jasi, amene anaphunzira kwa masisitere,
anandionetsa kamodzi kokha, ali chiimire,
nkhuku ya malonda ili kukhwapa.
Koka ulusi ndi kambedza, koloweka pampini.
Kokanso, koloweka.
Mpini ukadzaza mphete ngati khosi la mkwatibwi,
vula zisanu, uzipotoze pamodzi,
umange kasanu pamutu pake.
Taonani, latuluka diso.
Ndinati, mayi, awatu ndi maso a ukonde.
Anati, ndiye mukundichedwetseranji?

Majuzi asanu ndi imodzi a pakaunjika
ndinawamasula usiku ndi usiku,
ofiira, otuwa, ina ya mtundu wa thonje losacha.
Ulusi unatuluka wopotana, wokana kuiwala
mapewa a anthu amene sindidzawaona.
Ndinauviika m'madzi otentha,
n'kuupachika pawaya, mwala kunsi kwake.

Tsopano ndi Okutobala.
Mbuzi zabisala pansi pa ngolo,
phula la mumsewu likumata mapazi,
ine ndili pakhonde, mpini ndaupana m'ntchafu,
bulangete likukula pamiyendo panga ngati chilango.
Thukuta likudontha kuchigongono.
Anyamata a kabaza amachepetsa liwiro:
Madala Alufandika, mukufuna kuphika ndani?
Ndimangowerenga. Zitatu, zinayi, zisanu.
Dzulo kumapeto kwa mzere kunatsala zinayi.
Ndinafufuza chobwerera, diso ndi diso,
n'kupeza pamene ndinaba imodzi
nthawi imene ankandifunsa mtengo wa makakana,
ngati kuti ndikadali msodzi.
Ndinamasula mizere itatu. Sindinadye.

Zaka makumi anayi ndakhala ndikuluka mabowo
oti madzi adutse, nsomba itsale.
Awa akuti mphepo idutse pang'ono, kufunda kutsale.
Kaya.
Kuzizira ine ndimakudziwa kumodzi kokha:
usiku uja m'nthambi za mtondo,
Ruo ndi Shire akukangana pansi pathu,
ng'ombe zikudutsa miyendo ili m'mwamba,
Luwiza atandikumbatira kumsana
mano ake akugogoda pafupa la phewa langa
mpaka kunacha.
Chifuwa chimene anatsika nacho mumtengomo
sichinamusiye kufikira pokolola mapira.

Ngati ku Bembeke kumazizira chotero,
maso awa ndiwachepetse.

Ndayeza ndi mkono wanga:
kwatsala zikhatho ziwiri kuti lifike kumapazi,
Zabeta ndi wamtali, anatengera amake.
Ulusi watsala kampira kosaposa dzira la bakha.
Pakaunjika akuti majuzi abweranso mu Meyi,
ndani angagule juzi kuno mwezi uno?

M'sutikesi muli juzi yobiriwira
imene inatsika nafe mumtondo.
Kukhosi kwake kuli kansonga ka ulusi kotuluka kale,
kongofuna zala ziwiri.
Ndaitulutsa kawiri. Ndaibwezera kawiri.

Dalaivala wa lole ya thonje anyamuka Lachisanu,
akuti akhoza kukasiya katundu pa Dedza.
Lero ndi Lachiwiri.
Mpini uli apa, wopanda kanthu,
wayamba kuwala pamene pamagwira dzanja.